Rauta ya ku Kaduya

Migowi,
Phalombe.
2 Malichi 2025

Okondedwa achimwene a Dyson,

Ndikhulupirira muli bwino kumeneko ku Mocuba pamodzi ndi alamu. Kuno tili bwino, kupatula amayi amene mwendo uja wawayambiranso. Kumunda akupitabe, ndipo ukawaletsa amakuyang'ana ngati wawatukwana. Chimanga cha kudambo chabereka ndithu chaka chino, koma cha kumtunda tagawana ndi mbozi.

Musadabwe kuti ndalemba kalata foni ndili nayo. Pa foni inu simulola munthu kumaliza zimene akunena, ndipo nkhani iyi ikufunika ndiimalize. Ndalemba pamanja, ndijambula masamba onse n'kukutumizirani. Muwerenge mpaka pansi musanandiimbire, chifukwa ndili ndi pempho, ndipo silingamveke musanadziwe zimene ndachita.

Laputopu munandisiyira ija ikugwirabe ntchito, ngakhale batire lake linafa kalekale. Pulogalamu yophunzirira munandiikiramo ija, imene mumaitcha labu, ilinso momwemo. Mukukumbukira momwe ndinakusekerani tsiku loyamba mutandiuza kuti m'kati mwake muli marauta, timabokosi tija timalondolera intaneti kopita? Ndinachita kuitembenuza kufuna poti analowera. Munandifotokozera kuti mafayilo aja mumawatcha maimeji ndi ubongo wa rauta yeniyeni wopanda bokosi lake, ndipo munthu atha kudzutsa awiri kapena atatu pa sikirini, kuwalumikiza ndi zingwe zojambula, n'kumawalamula monga momwe angalamulire enieni. Ndaphunzirira pamenepo chaka chathunthu. Atatu ndiwo malire. Ndikadzutsa yachinayi laputopu imatentha, imalira ngati chigayo, kenako imangouma. Masiku ano ndimaikhazika pa njerwa ziwiri kuti mphepo izidutsa pansi.

Magetsi athu mukuwadziwa. Popeza batire mulibe, akathima zonse zimathima, ndipo rauta imaiwala chilichonse chimene sunaiuze kuti isunge. Mwezi woyamba ndinalira kawiri, ntchito ya tsiku lonse itapita. Inu munati mankhwala ake ndi osavuta: ukalemba mzere umodzi sunga, ukalemba wina sunganso. Zilembo ziwiri zosungira zija, w ndi r. Ndinakumverani, ndipo mukudziwa kuti si kawirikawiri ine kukumverani. Pofika pano zala zanga zimalemba zilembo zimenezo zokha, mutu usakudziwa n'komwe. Sindikunena izi kuti ndikusenzetseni mlandu. Langizo lanu linali labwino, ndipo m'labu landipulumutsa kosawerengeka.

Tsopano za kuntchito. A Richard, anzanu munaphunzira nawo aja, anandilandira mu Novembala chifukwa cha mawu anu, zimenezo sindiiwala. Kampani yawo ndi chipinda chimodzi kuseri kwa msika wa Migowi ndi nsanja zitatu zotumizira intaneti. Ina mwa nsanjazo ili pa kaphiri ku Kaduya, ndipo ndiyo imapereka intaneti ku masukulu awiri, kachipatala kamodzi ndi gulu la alimi a mpunga. Amene amaiyang'anira anali a Goodman, bambo a m'mudzi momwemo. Zaka zisanu ndi chimodzi akhala akupukuta masola, kutchetcha udzu ndi kuthamangitsa mbuzi pamenepo. Za kompyuta sadziwa chilichonse, koma batire likayamba kufooka amadziwa a Richard asanadziwe. Vuto lawo linali limodzi, losatha kukana munthu. Anthu a m'mudzi amawabweretsera mafoni kuti awatchajire pa mabatire a nsanja, ndipo a Richard anali atawachenjeza kawiri.

Miyezi iwiri yoyamba sanandilole kugwira rauta yeniyeni. Ntchito yanga inali kupana zingwe, kuyankha mafoni ndi kusesa. Ndinkawotcheka nazo mtima, chifukwa ndinkadziona kuti ndikudziwa zambiri. Kumapeto kwa Januwale anandipatsa mwayi. Panali anthu osadziwika amene amayesayesa kulowa mu rauta ya ku Kaduya, ndiye a Richard anati ndilembe mndandanda wa ololedwa, woti aliyense amene sali pamenepo azibwezedwa. Ndinaulemba, ndinauyesa m'labu, unagwira bwinobwino. Chimene sindinawauze n'chakuti ndinauyesa pa rauta imodzi yokha. Marauta ena awiri anali ndi phunziro lina limene ndinali ndisanalimalize, ndipo ndinachita ulesi kulitseka.

A Richard ali ndi mwambo wawo. Mwina nanunso muli nawo, koma simunandiuze chifukwa m'labu sufunika. Asanasinthe kanthu pa rauta imene ili kutali, amayamba aiuza kuti izizimitse n'kudziyatsanso yokha pakatha mphindi khumi ndi zisanu. Kenako amasintha zosinthazo osasunga. Zikayenda bwino, amaletsa kuzimako, n'kusunga. Zikavuta mpaka kudzitsekera kunja, amangokhala pansi n'kudikira, rauta imazima, imaiwala zatsopano zonse, n'kudzuka monga inalili kale. Chinsinsi chake chonse chagona pa kusasunga.

Linali Lachiwiri, pa 28 Januwale, cha m'ma teni koloko m'mawa. Tinalowa mu rauta ya ku Kaduya tili muofesi. A Richard anaiuza za mphindi khumi ndi zisanu zija, anandipatsa mpando n'kunena kuti ndisasunge mpaka atandiuza. Foni yawo inalira, anakaima pakhomo. Ine ndinaika mndandanda wanga, mzere ndi mzere, ndipo zonse zinkayankha bwino. Ndinali n'tayamba kale kumwetulira pamene sikirini inangoti zii. Ndinadina, ndinadinanso, osayankha.

A Richard sanatekeseke. Anati zimachitika, tidikire, mpaka anatuluka kukagula chimanga chootcha n'kundigawira. Mphindi khumi ndi zisanu zinatha. Zinafika makumi awiri, kenako theka la ola, Kaduya osabwerera. Apa m'pamene anatembenuka n'kundiyang'ana.

"Belita, sunasunge?"

"Ayi, sindinasunge."

Achimwene, tsiku limenelo sindinaname. Ndinafufuza m'mutu mwanga ndipo sindinapezemo kuti ndinasunga. Bodza linabwera pambuyo pake.

A Richard anandikhulupirira, ndipo popeza anandikhulupirira, anaganiza kuti vuto lili ku nsanja. Anaimbira a Goodman, iwo anati timagetsi tonse ta pa bokosi tikuyaka monga mwa masiku onse. A Richard anawafunsa za mafoni, a Goodman anazengereza kuyankha, ndipo kuzengereza kumeneko kunawagwetsa. Sabata imeneyo mvula inagwa yosalekeza, mtsinje wa panjira unadzaza, njinga yamoto sikanawoloka. Masiku anayi masukulu, kachipatala ndi alimi aja anakhala opanda intaneti, ndipo amene ankayankha mafoni awo ndinali ine. Ndinawauza onse mwaulemu kuti vuto lili ku magetsi a ku nsanja.

Loweruka madzi ataphwera, a Richard anapita ndi rauta ina imene anaikonzeratu monga inalili yakale ija ndisanaigwire. Anangochotsa iyo n'kuika iyi, intaneti inabwerera nthawi yomweyo. M'kanyumba ka mabatire anapezamo mafoni asanu ndi anayi ali pa chingwe chimodzi. Sanafunenso umboni wina. Anawauza a Goodman pomwepo kuti awotcha rauta ndipo ntchito yatha, n'kuwalanda makiyi.

Lolemba anandiikira rauta yakale ija patebulo. Anati yafa, koma mwina ndingaphunzirepo kanthu, ndipo ikachita mwayi n'kuyaka ndiifufute zonse. Ndinakondwa, sindikubisirani. Chaka chonse ndakhala ndikulamula marauta ojambula, ndipo iyi inali yoyamba kuinyamula m'manja. Ndinapita nayo kunyumba masana omwewo n'itaikulunga m'chitenje. N'taiyatsa inadzuka bwinobwino, yopanda vuto ngakhale limodzi. Ndinaifunsa kuti indionetse zimene inasunga. Mndandanda wanga unali momwemo, wonse, wosungidwa.

Ndinakhala kaye pansi. Kenako ndinayamba kudzinyengerera kuti chabwino, ndinasunga, koma mwina mndandandawo si umene unadula Kaduya, mwina mafoni aja anachitadi kanthu. Njira yodziwira inali imodzi. Ndinatsegula labu, ndinatseka phunziro lija limene ndinkaliumira, n'kudzutsa marauta awiri. Ina ndinaitcha Migowi, ina Kaduya, ndipo ndinakoperamo zonse monga zinalili mu yeniyeni, kusiya mndandanda wokha. Analumikizana bwino. Ndinaika mndandanda. Zonse zinapitiriza kuyenda, ndipo mtima wanga unayamba kutsika. Patatha masekondi makumi anayi, Kaduya inasowa.

Inu mwadziwa kale chifukwa chake, koma ine ndinachita kuchifufuza. Marauta oyandikana amapatsana moni masekondi khumi alionse, ndipo ina ikakhala masekondi makumi anayi osamva moni wa inzake, imaiyesa yakufa n'kufufuta njira zonse zopitira kumeneko. Mndandanda wanga unalola ofesi, unalola makasitomala, koma moniwo sindinaulembe, ndiye unkabwezedwa pamodzi ndi akuba. Pa rauta imodzi vutoli silikanaoneka, chifukwa inalibe inzake yoipatsa moni. Ndipo masekondi makumi anayi aja, pamene zonse zinkaoneka ngati zili bwino, anali okwanira kuti zala zanga zilembe zilembo ziwiri zija. Rauta itazima monga a Richard anaiuzira, inadzuka ndi cholakwa changa chili chisungire.

Ndinabwereza kasanu, ndikuyembekeza kuti mwina ulendo wina zituluka mosiyana. Kasanu konse Kaduya inasowa pa nthawi yomweyo. Kenako ndinachita chinthu chimene chandichititsa kulemba kalatayi. Ndinafufuta rauta yeniyeni ija, zonse, monga anandiuzira. M'mawa mwake ndinawauza a Richard kuti yayaka koma ndinaipeza itasokonekera. Iwo anagwedeza mutu n'kunena kuti magetsi osakhazikika amatero.

Ndinakhala chete milungu itatu ndi masiku. Ndinkadziuza kuti mafoni aja anawapezadi, kuti anali atachenjezedwa kawiri, kuti tsiku lina akanachotsedwabe. Zonsezo n'zoona, ndipo ndinkazibwereza m'mawa uliwonse popita kuntchito. A Richard anayamba kundidalira, mpaka anandipatsa mawu achinsinsi a nsanja zonse zitatu. Anati ndinapirira bwino ndi makasitomala sabata ija ndipo akufuna kundilemba ntchito yokhazikika. Anakuuzani, inu munanditumizira uthenga wa mawu uja, mukuseka, mukuti mlongo wanu sanakuchititseni manyazi. Ndinaumvera kamodzi kokha. Mwina munadabwa kuti ndinangoyankha ndi kachithunzi ka chala.

Lachinayi lapitali ndinakumana ndi a Aliness, akazi a a Goodman, mumsika. Anali atayala nkhwani ndi therere pa thumba. Ndinafuna kudutsa mbali ina koma anali atandiona kale. Tinapatsana moni, anafunsa za amayi, kenako anati ali ndi funso limene lakhala likuwavuta, ndipo popeza ine ndinapita kusukulu ya zimenezi, mwina ndingawayankhe.

"Achemwali, kodi n'zoona kuti foni ingaphe bokosi lija? Bambo akunyumba amati anatchaja zaka zonsezi osaona vuto."

Ndinati mwina. Ndi mawu amene anatuluka, amodzi okhawo. Iwo anathokoza, n'kundiwonjezera therere pa limene ndinagula. Ndinafika nalo kunyumba, amayi anaphika, ine sindinadye. Ndinachita manyazi amene sindinawachitepo chibadwire, ndipo ndinadzida.

Lachisanu ndinanyamula laputopu ndi njerwa zake kupita nazo kuofesi. Ndinadziwa kuti ndikayamba ndi pakamwa ndizungulira mpaka ndipeze pothawira, ndiye ndinangowapempha a Richard kuti akhale pansi aone kanthu. Ndinadzutsa Migowi ndi Kaduya, ndinawaonetsa kuti akulumikizana, ndinaika mndandanda, ndinalemba zilembo ziwiri zija iwo akuona. Tinayang'ana sikirini tonse mpaka Kaduya inasowa. Ndinaizimitsa n'kuiyatsanso, sinabwerere. Anati ndibwereze. Ndinabwereza. Kenako ndinawauza za rauta yeniyeni ija, zimene ndinaipeza nazo ndi zimene ndinaichita.

Ndinkayembekeza kuti akalipa, ndipo zikanandipepukira. Sanakweze mawu.

"Kusunga kuja ndi ngozi ya pa ntchito," anatero. "Inenso ndinalakwa, mndandanda wako sindinauwerenge, ndipo rauta ija ndinaiweruza osaitsegula. Koma iwe unaifufuta ukudziwa chimene chinalimo, munthu atachotsedwa ntchito."

Anasintha mawu achinsinsi onse ine ndili pomwepo. Anati nkhani ya mafoni ikadalipo, koma si yochotsera munthu ntchito, aikapo sola ina yaing'ono ya anthu a m'mudzi kuti mabatire a nsanja apume. Malo a a Goodman awasunga mpaka kumapeto kwa Malichi, kupitirira apo sangathe, chifukwa nsanja singakhale yopanda munthu ndipo iwo atopa kupitako okha. Anati ndipite ndekha ndikawauze, si ntchito yotuma wina. N'tafunsa za ine, anati tikambirana a Goodman akabwera.

Dzulo ndinakwera kabaza kupita ku Kaduya. Ndinapeza a Aliness akusenda chinangwa pakhonde, koma a Goodman kunalibe. Anachoka pa 18 Febuluwale ndi msuweni wawo Micheal, kupita ku Gurue, kutsidya kwa malire, kukathyola tiyi. Foni anaisiya pakhomo chifukwa nambala ya kuno kumeneko sigwira, ndipo chichokereni sanatumize uthenga. A Aliness akuti si njala yokha inawachotsa. Mbiri inali itawanda m'mudzi kuti anawotcha chipangizo cha kampani, ndipo anthu omwe aja ankawabweretsera mafoni ndi amene anayamba kuwaseka. Kutchalitchi kwawo a Goodman ndiwo ankasunga zokuzira mawu, akuluakulu anabwera kudzazitenga mwaulemu, akuti azikazisunga kwina. Sabata yomweyo ananyamuka.

Ndinawafotokozera a Aliness zonse, mosazungulira, mmene ndakulemberani inumu koma mopanda za moni wa marauta. Anamvetsera mpeni uli m'manja, osasenda.

"Ndinakufunsani kumsika paja," anatero.

"Munandifunsa."

"Munati mwina."

Ndinavomera kuti ndinaterodi. Sanatukwane, sanalire. Anati mawu amene ndawauzawo ndikawanenenso kutchalitchi kwawo, pamaso pa anthu amene anamva zoyambazo, ndipo ndavomera kuti ndipita Lamulungu likudzali. Ponyamuka ndinatsanzika, anayankha, koma sanandiperekeze ngakhale kufika pa msewu. Anapitiriza kusenda chinangwa chawo.

Pempho langa ndi ili, achimwene. Munandiuza kuti mwezi uliwonse mumapita ku Gurue kukaona nsanja za kampani yanu. Ndikupempha kuti ulendo wa mwezi uno muufulumize, ndipo mukafika mundifunireko a Goodman. Munda umene akugwirako a Aliness sakuudziwa. Akungodziwa kuti Micheal amafikira kwa anthu a kwathu kuno amene amachita lendi kuseri kwa msika waukulu, ndipo kumeneko amamudziwa chifukwa wakhala akupitako nyengo zitatu. A Goodman ndi aatali, oonda, ali ndi chipsera pachibwano, ndipo amayankhula motsitsa moti muyenera kuwayandikira. Chilomwe chanu n'chabwino kuposa changa, simuvutika kufunsa. Ndikudziwa kuti Gurue si mudzi woti munthu n'kungoima pakati n'kuitana dzina, koma ndilibe wina womutuma, ndipo masiku atsala makumi awiri ndi asanu ndi anayi.

Ndisakunamizeninso inu. Mukawerenga muona nokha kuti ntchito yanga yamangiriridwa pa kubwera kwawo, ndipo mutha kuganiza kuti ndikuwafuna chifukwa cha zimenezo. Zilimo ndithu, ntchitoyi ndimaikonda ndipo ndikuopa kuitaya. Koma ndayesa kudzifunsa ngati ndikanakulemberanibe a Richard atandichotsa Lachisanu lomwelo, ndipo ndikuganiza kuti ndikanalemba. Za dzina lanu limene ndaliipitsa kwa a Richard, ndapepesa. Mukafuna kundikalipira mundiimbire, ulendo uno sindikudulani mawu. Koma muyambe mwaona tsiku limene munganyamuke.

Mupereke moni kwa alamu a Ethel, muwauze kuti chitenje ananditumizira chija ndinasoketsa ndipo chikundikhala. Moni kwa ana, Rejoice asaleke kundijambulira zithunzi zake za ndege. Amayi akupereka moni ndipo akufunsa ngati mubwere pa Pasaka. Nkhaniyi sakuidziwa, akungodabwa kuti ndasiya kudya. Musawauze, ndiwauza ndekha ndikangotumiza kalatayi.

Moni womaliza ndi wa a Goodman, ndipo chonde mukaupereke monga ndaulembera. Musakawauze kuti a Richard awakhululukira, chifukwa pa rauta ija palibe chowakhululukira. Mukawauze kuti bokosi silinapse, analitseka ndi Belita, ndipo anadziwa n'kukhala chete. Mukawauze kuti makiyi awo akuwadikira mpaka pa 31 Malichi, ndiponso kuti kutchalitchi anthu adzakhala atamva iwo asanafike. Akanena kuti sangagwirenso ntchito malo amodzi ndi ine, musakawanyengerere. Mukangowauza kuti abwere, wochoka ndikhala ine.

Ndine mlongo wanu,

Belita